Kasamalidwe ka injini ya dizilo yakale kuno ku Chigwa cha Shire

Galimoto zimene timadalira kuno ku Chikwawa ndi ku Nsanje zambiri ndi za dizilo, ndipo pafupifupi zonse zinafika m'manja mwa eni ake zitayenda kale kwina. Zina zinaitanitsidwa ku Japan n'kutsikira pa doko la Dar es Salaam, zina zinachokera ku South Africa, zina zinagulidwa pamene mabungwe ankagulitsa galimoto zawo zakale. Ndi zimenezi zimatinyamulira thonje, mapira ndi chitowe, kukatenga ng'ombe ku Ngabu, kuthamangira ndi odwala kuchipatala, ndi kutiperekeza pamaliro. Galimoto yotere ikagona, anthu ambiri amavutika, osati mwini wake yekha.

Injini ya dizilo ndi yolimba. Yosamalidwa bwino imadutsa makilomita 400,000 isanatsegulidwe. Koma kuno zambiri zimafa zisanakalambe, ndipo zimene zimazipha n'zodziwika: kutentha, fumbi, dizilo woipa ndi madzi. Mwa zonsezi choopsa kwambiri ndi kutentha. Choncho ndalama yoyamba mukangogula galimoto ipite ku rediyeta ndi mafyuluta. Penti, wailesi ndi zina zokongoletsa zidikire.

Gawo loyamba: musanapereke ndalama

Pemphani mwini galimoto kuti mudzaione m'mawa isanalizidwe. Mukafika, tsegulani boneti n'kugwira injini ndi dzanja. Ikakhala yofunda, pepesani mubwere tsiku lina, chifukwa injini yotopa imabisa matenda ake ikatentha. Imalira msanga ndipo utsi umachepa.

Injini ili yozizira choncho, tsegulani chitsekero cha rediyeta. Madzi akhale odzaza, obiriwira, ofiira kapena a mtundu wina wa coolant, mankhwala othira m'madzi oziziritsa injini. Madzi adzimbiri akusonyeza kuti galimoto yakhala ikuyendera madzi wamba kwa nthawi yaitali, ndipo oyilo woyandama pamwamba ndi chenjezo lalikulu. Kenako tsegulani pothirira oyilo. Mukapeza chithovu chotuwa pansi pa chitsekerocho, madzi akulowa mu oyilo. Solololani kachitsulo koyezera oyilo. Kuda kwa oyilo kusakuopseni, injini ya dizilo imadetsa oyilo patangopita masiku ochepa. Choopsa ndi oyilo wopitirira mzere wapamwamba, wopyapyala, wonunkha dizilo.

Tembenuzani kiyi koma musalize kaye. Timagetsi tonse ta padashibodi tiyake: ka oyilo, ka batire, ka ma heater plug (tizipangizo totenthetsa m'masilinda musanalize) ndi ka injini ngati kalipo. Kamene sikakuyaka n'komwe, funsani chifukwa chake, pakuti ena amachotsa babu kuti abise vuto. Tsopano lizani. Injini yabwino imalira msanga popanda kuponda moto, imatulutsa kautsi pang'ono n'kukhazikika.

Ikulira choncho, chitani zinthu ziwiri. Masulani chitsekero cha oyilo n'kungochikhazika pabowo osamanga. Chikamavinavina pang'ono palibe vuto, koma chikamakankhidwa ndi mpweya, utsi uli phwa phwa phwa, ma ring'i a mapistoni atha ndipo mukugula ntchito yotsegula injini. Chachiwiri, suzumirani m'rediyeta chitsekero chili chochotsa. Thovu lotuluka mosalekeza likutanthauza kuti gasiketi yapsa kapena hedi yang'aluka.

Musakhutire ndi kuyesa galimoto pamsewu wosalala wa pakati pa Nchalo ndi Bangula. Pamenepo ngakhale injini yodwala imayenda bwino. Mayeso enieni ali pa zitunda zoyambira pa Thabwa kulowera ku Blantyre, pamene galimoto imakwera mamita pafupifupi 900 pa mtunda waufupi, m'makona okhaokha. Kwezani anthu angapo kapena matumba, mukwere masana, diso lili pa geji ya kutentha. Muvi ukayamba kuchoka pakati kulowera kofiira, mwaona zimene galimotoyo izidzakuchitani mwezi wa Okutobala. Wogulitsa akakana ulendo umenewu ngakhale mwalonjeza kuthira mafuta nokha, ine ndingaisiye.

Makilomita olembedwa padashibodi amabwezedwa, ndiye yang'anani kutha kwa zopondera, chiwongolero ndi mpando wa dalaivala. Tukulani kapeti muone ngati pali matope ouma kapena dzimbiri pa njanji za mipando, chifukwa pali galimoto zimene zinamira nthawi ya namondwe Ana mu 2022 ndi Freddy mu 2023, zinatsukidwa n'kugulitsidwa. Pomaliza, nambala ya injini ndi ya chesesi zifanane ndi zimene zili pa blue book.

Gawo lachiwiri: dziwani mtundu wa injini yanu

Injini za dizilo zimene zili pamsewu wathu zili m'magulu awiri, ndipo kasamalidwe kake kamasiyana.

Gulu loyamba ndi zachikale, za pampu yosadalira kompyuta: Toyota 2L, 3L ndi 5L za mu Hilux ndi Hiace, 1HZ ya mu Land Cruiser, Isuzu 4JA1 ndi 4JB1, Nissan TD27, ndi 4D33 ya mu Canter. Sizithamanga kwambiri, koma zimapirira dizilo wosayera kwenikweni, ndipo makaniko wa pa Dyeratu kapena pa Ngabu akhoza kuzikonza ndi masipanala wamba. Chofooka chake n'chakuti zina sizikhululuka zikawira. Toyota 2L, makamaka ya turbo, pamodzi ndi 1KZ ya mu Prado ndi Surf, zimadziwika ndi kung'aluka hedi zikatenthedwa. Chimodzimodzinso injini za RF ndi R2 za mu Mazda Bongo.

Gulu lachiwiri ndi za common rail, zimene dizilo amapanikizidwa m'paipi imodzi yodyetsa masilinda onse, ndipo zimayendetsedwa ndi kompyuta: 2KD ndi 1KD za Hilux ndi Fortuner zolembedwa D-4D, Isuzu 4JJ1 ndi 4JK1, YD25 ya Nissan Navara, komanso 2.2 ndi 3.2 za Ford Ranger. Izi ndi zamphamvu ndipo sizimwa mafuta ambiri, koma zimapopa dizilo ndi mphamvu yopitirira mabar 1,500 kudzera m'timabowo tosaoneka bwino ndi maso. Kadontho ka madzi kapena kamchenga kamawononga ma injector, tizipangizo topopera dizilo m'masilinda, ndipo mtengo wa anayi okha ukhoza kukufooketsani.

Iliyonse ili ndi malo ake oyenera kuwayang'anira. Pa 1KD, mawashala a pansi pa ma injector akayamba kudontha, mwaye umalowa mu oyilo n'kutseka sefa ya m'sampu yokokera oyilo, injini n'kunoka. Mukagula ya mtundu umenewu, makaniko atsegule sampu aone sefayo ndipo asinthe mawashalawo. Pa YD25 mverani tcheni cha timing, chogwirizanitsa kayendedwe ka mapistoni ndi mavalavu, chikamalira ngati zitsulo zikukhulana m'mawa chisinthidwe chisanaduke. Pa Ranger 2.2 ndi 3.2, pochotsa oyilo musaisiye yopanda oyilo kupitirira mphindi 10, chifukwa pampu ya oyilo imakanika kukokanso.

Galimoto zina zatsopanoko zochokera ku Japan ndi ku UK zili ndi DPF, sefa ya mu ekizozi yogwira mwaye. Imeneyi imadziyeretsa yokha galimoto ikayenda ulendo wautali pa liwiro labwino. Mukamangozungulira pa boma maulendo afupiafupi imatsekeka, ndipo imafunanso oyilo wakewake wa phulusa lochepa.

Maganizo anga ndi awa: ngati mumakhala ku Chapananga, ku Makhanga kapena kwina kotalikira filing'i siteshoni ndi makina oyezera kompyuta ya galimoto, sankhani injini yachikale. Common rail ndi yabwino kwa munthu amene angathe kuthira mafuta oyera nthawi zonse.

Gawo lachitatu: sabata yoyamba

Musakhulupirire mawu akuti sevisi yachitika posachedwa. Yambani nokha kuti mudziwe poyambira kuwerenga. Sinthani oyilo ndi fyuluta yake, fyuluta ya dizilo, fyuluta ya mpweya, malamba a fani, ndi madzi onse a m'rediyeta.

Ngati injini yanu ili ndi lamba wa timing, msintheni pamodzi ndi tensioner yake, kagudumu komukunga, pokhapokha pali umboni weniweni wa tsiku limene anasinthidwa. Pa 2L, 3L, 5L ndi 1HZ lambayu amasinthidwa pa makilomita 100,000, pa 1KD ndi 2KD pa 150,000. Lamba ameneyu akaduka injini ikuyenda, mapistoni amagunda mavalavu, ndipo zimene mukanakonza ndi ndalama zochepa zimasanduka ntchito ya injini yonse. Raba amaumanso ndi zaka komanso kutentha, choncho galimoto imene inakhala nthawi yaitali osayenda isakunyengeni ndi makilomita ochepa. TD27 ilibe nkhawa imeneyi chifukwa timing yake imayendera magiya.

Gulani kope laling'ono lizikhala m'galimoto. Lembanimo tsiku, makilomita ndi chimene chasinthidwa.

Gawo lachinayi: kuziziritsa injini

Apa ndi pamene ndikufuna tikhalitsepo. Mu Okutobala ndi Novembala kutentha kwa ku Ngabu, Nchalo ndi Nsanje kumadutsa madigiri 40. Mpweya umene ukuyenera kuziziritsa rediyeta umafika uli wotentha kale, kotero kachilema kamene ku Dedza kapena ku Mzuzu sikakanaoneka n'komwe, kuno kamawiritsa injini.

Yambani ndi madzi. Mijigo yambiri ya m'chigwa muno imatulutsa madzi a mchere. Suzumirani m'ketulo imene mumawiritsira madzi a pamjigo muone zoyera zimene zimamatirira m'kati. Zomwezo zimamatirira m'timachubu ta rediyeta ndi m'njira za madzi za mu hedi, ndipo mcherewo umadya pampu ya madzi ndi aluminiyamu. Madzi a mu Shire nawo ali ndi matope. Thirani coolant wosakaniza ndi madzi a batire, aja osungunulidwa (distilled water) ogulitsidwa m'mabotolo, osati asidi. Pakasowa amenewo, madzi a mvula otchezera m'chidebe choyera ndi abwinoko. Coolant akhale gawo limodzi mwa magawo atatu kufika theka. Anthu ena amati coolant ndi wa kumaiko ozizira. Ayi ndithu, ntchito yake ina ndi kuletsa dzimbiri ndi kukweza mlingo umene madzi amawirira. Msintheni pakatha zaka ziwiri, ndipo musasakanize mitundu yosiyana.

Chitsekero cha rediyeta n'chotsika mtengo koma chimagwira ntchito yaikulu. Chimasunga mpweya wa mphamvu ya 0.9 kapena 1.1 bar, monga mmene zalembedwera pamwamba pake, ndipo zimenezi zimachititsa kuti madzi asawire mpaka atayandikira madigiri 120. Raba wake akang'aluka, madzi amawira msanga n'kumatayika pang'onopang'ono. Gulani chatsopano cha nambala yomweyo.

Tsopano nkhani ya thermostat, kavalavu kamene kamatsegula njira ya madzi yopita ku rediyeta injini ikatentha. Amakaniko ambiri amaichotsa, amati kuno n'kotentha kale. Ndikuwalemekeza, koma pamenepa sindigwirizana nawo. Thermostat imatseguka pa madigiri pafupifupi 82, ndipo pa injini zambiri ikatseguka imatsekanso njira yachidule imene madzi amazungulira osadutsa m'rediyeta. Mukaichotsa, madzi ena amangozungulira m'injini momwemo osazizira, ndipo m'mawa injini imachedwa kufika pa kutentha koyenera, zimene zimadya ma ring'i ndi mafuta. Ngati injini ikutentha, pali chimene chikuitenthetsa, ndipo kuchotsa thermostat kumangochibisa. Yoonongeka isinthidwe ndi yatsopano. Kuiyesa n'kosavuta: iponyeni m'madzi amene ali pamoto, itseguke madziwo asanawire.

Fani ya injini zambiri ili ndi kilachi ya mafuta pakati pake. Injini ili yozima, ipukuseni ndi dzanja. Iyenera kulimbalimba n'kuima msanga. Ikamangozungulira yokha mopepuka, kapena mukaona mafuta atadontha pakati pake, yatha. Fani yotere imanyenga, chifukwa pamsewu wothamanga geji imakhala bwinobwino, koma pachitunda, pamene galimoto ikuyenda pang'onopang'ono injini ikugwira ntchito yaikulu, ndi pamene muvi umakwera. Onetsetsaninso kuti chipulasitiki chozungulira fani chilipo. Chikachotsedwa, fani imakoka mpweya wa m'mbali m'malo mokoka wodutsa m'rediyeta.

Kunja kwa rediyeta kumatsekeka ndi njere za udzu, ulusi wa thonje, tizilombo, matope, ndiponso phulusa la nzimbe zootchedwa kwa amene mumayenda cha ku Nchalo nyengo yodula. Zinyalala zambiri zimabisala pakati pa rediyeta ndi condenser ya AC pamene diso silifika. Kamodzi pamwezi, injini ili yozizira, tsukani ndi paipi ya madzi kuchokera mbali ya injini kulowera kutsogolo. Musagwiritse makina opopera mwamphamvu, amapinda tizitsulo topyapyala tija. Rediyeta yotsekeka m'kati ipite kwa odziwa kuitsegula n'kuitokosa machubu, kapena igulidwe ina. Ufa ndi mankhwala otsekera podontha ndi ongokufikitsani kunyumba, pambuyo pake amatseka ndi machubu omwe.

Finyani mapaipi onse a madzi. Lofewa kwambiri, lotupa kapena louma mong'aluka lisinthidwe lisanaphulike. M'mawa uliwonse musanalize, onani mlingo wa madzi. Galimoto yofuna kuonjezeredwa madzi sabata iliyonse ili ndi podontha, ndipo pafunika kupapeza.

Nanga muvi ukakwera muli pamsewu? Zimitsani AC, patukani pamalo otetezeka, makamaka m'makona a pazitunda paja, ikani mwala kutayala. Ngati lamba wa fani ali bwino ndipo madzi sakutayika, isiyeni injini izilira payokha osaponda moto, tsegulani heater ya m'kati mpaka kumapeto kuti ichotseko kutentha, muone ngati muvi ukutsika. Koma ngati nthunzi ikutuluka, madzi akuchucha pansi kapena lamba waduka, zimitsani pomwepo. Musatsegule chitsekero cha rediyeta. Anthu apsa nkhope ndi manja chifukwa cha changu chimenechi. Dikirani mphindi zosachepera 30, mutsegule ndi chinsanza chokhuthala pang'onopang'ono. Musathire madzi ozizira pa injini yotentha kapena m'kati mwake, chitsulo chimang'aluka. Ikazizira, ilizeni n'kumathira madzi pang'onopang'ono. Dziwaninso ichi: muvi umene unakwera kenako n'kutsika wokha mwadzidzidzi si nkhani yabwino. Nthawi zambiri madzi amakhala atatheratu, ndipo kachipangizo koyeza kutentha kali pouma.

Gawo lachisanu: dizilo

M'zaka zaposachedwapa taona mafuta akusowa, mizere italiitali pa mafiling'i siteshoni, ndipo ambiri takakamizika kugula a m'zigubu. Ndikumvetsa, ulendo wa kuchipatala sudikira. Koma dziwani chimene mukuika pachiswe. Pampu ndi ma injector zimatsetsereka ndi dizilo yemweyo, alibe oyilo wina. Dizilo wosakaniza ndi parafini ndi wouma, amakhula zitsulo za m'pampu, ndipo wa madzi amazichititsa dzimbiri.

Ngati palibe kuchitira mwina, thirani pang'ono m'botolo loonekera m'kati, mulisiye likhazikike. Madzi amatsikira pansi n'kupanga mzere woonekeratu, zinyalala nazo zimadikha. Nunkhizani ngati mukumveka parafini kapena petulo. Pothira m'thanki sefani ndi nsalu yoyera yosathothoka ulusi, ndipo otsalira pansi pa chigubu musawathire. Pa galimoto ya common rail, kuli bwino kuimika ulendo kusiyana ndi kuthira mafuta okayikitsa.

Pansi pa fyuluta ya dizilo pali kachitsekero kotayira madzi. Kamodzi pamwezi, kapena kagetsi kake kakayaka padashibodi, masulani pang'ono, popani kapampu ka dzanja kali pamwamba pa fyuluta mpaka patuluke dizilo yekhayekha, mumangenso. Fyuluta yeniyeniyo sinthani pa sevisi yachiwiri iliyonse, kapena msanga ngati mwathira mafuta a m'zigubu. Zizindikiro za fyuluta yotsekeka ndi kufooka pachitunda, kudukiza mukaponda moto, ndi kuzima kenako n'kuliranso mutapumira. Pa common rail musadzaze fyuluta yatsopano ndi dizilo wa m'chigubu poimanga, chifukwa ameneyo amapita kupampu osasefedwa. Imangeni youma, mupope ndi kapampu kaja.

Musamalole thanki kutsika kupitirira kota. Thanki yopanda kanthu imachita thukuta m'kati usiku, ndipo mafuta akathera panjira mumalowa mpweya. Zikatero pa injini yachikale, thirani mafuta, popani kapampu mpaka kalimbe, masulani pang'ono manati a mapaipi ofika ku ma injector, gwiritsani sitata masekondi 10 kapena 15 n'kupumira, mpaka dizilo atuluke wopanda thovu, kenako mangani n'kuliza. Pa common rail musamasule mapaipi amenewa injini ikuzungulira. Mphamvu yake imaboola khungu. Popani ndi kapampu basi. Ndipo wothira mafuta akalakwitsa n'kuthira petulo, musatembenuze kiyi. Kankhirani galimoto pambali, thanki ikhuthulidwe.

Gawo lachisanu ndi chimodzi: fumbi ndi oyilo

Amene mumayenda msewu wa East Bank kudutsa Masenjere ndi Muona, kapena misewu ya m'midzi nyengo yachilimwe, tsegulani bokosi la fyuluta ya mpweya sabata iliyonse. Igogodeni pang'ono ndi chikhatho kuti fumbi ligwe. Kuipopa mwamphamvu ndi kompulesa kumaboola pepala lake timabowo tosaoneka, ndipo fumbi limadutsa n'kukapala masilinda. Pisani chala m'paipi yochoka pa fyuluta kupita ku injini. Mukapezamo fumbi, ndiye kuti fyuluta yabooka, siikukhala bwino, kapena pali kilampu yomasuka. Konzani tsiku lomwelo. Pamsewu wa fumbi musalondole lole pafupi.

Oyilo sinthani pa makilomita 5,000 alionse kapena miyezi 6, chimene chayamba kukwana, pamodzi ndi fyuluta yake. Buku la galimoto likhoza kunena mtunda wautali kuposa apa, koma kutentha, fumbi ndi katundu wolemera wa kuno zimatopetsa oyilo msanga. Pa injini zambiri zopanda DPF, 15W-40 wa dizilo wolembedwa API CH-4 kapena CI-4 ndi woyenera. Gulani wa m'chigubu chomata, kwa wogulitsa wodalirika. Oyilo wopimidwa m'mabotolo m'mbali mwa msewu simungadziwe kumene wachokera. Oyilo wokhuthala kwambiri, amene ena amathira kuti utsi uchepe, amachedwa kufika ku turbo ndi mabering'i m'mawa.

Kagetsi kofiira ka oyilo kakayaka mukuyenda, zimitsani nthawi yomweyo, musati ndifike kaye pa Bereu kapena pa Sorgin. Oyilo akamakwera yekha pa kachitsulo koyezera, dizilo akulowamo, ndipo apimidwe ma injector ndi pampu.

Pali ngozi ina yosachitikachitika koma yofunika kuidziwa. Turbo ikawonongeka kwambiri, injini imayamba kuyamwa oyilo wake n'kumathamanga yokha, utsi uli tolotolo, osazima ngakhale mwachotsa kiyi. Pondani buleki mwamphamvu, lowetsani giya yapamwamba, siyani kilachi kuti izime. Ngati ndi ya otomatiki, tsekani polowera mpweya ndi thabwa kapena chinthu china cholimba, osati ndi dzanja.

Gawo lachisanu ndi chiwiri: nyengo ya madzi osefukira

Ife a m'chigwa sitifunika kuuzidwa za madzi. Tinawaona mu Januwale 2015, mu Malichi 2019, ndipo anabweranso ndi Ana ndi Freddy. Mitsinje ngati Mwanza, Nkombedzi wa Fodya, Lalanje ndi Ruo imadzaza ndi mvula imene yagwa kumapiri, kuno kuli dzuwa. Madzi othamanga musawoloke, ngakhale galimoto ikhale yaitali bwanji. Moyo wanu ndi wa amene mwanyamula ndi woposa ulendowo.

Pa madzi odikha, dziwani pamene galimoto yanu imakokera mpweya, chifukwa pa galimoto zambiri ndi kuseri kwa nyali kapena m'kati mwa madigadi, pansi kuposa mmene mumaganizira. Injini ya dizilo imapanikiza mpweya kwambiri, ndipo malo otsala pamwamba pa pistoni ndi ochepetsetsa. Madzi sapanikizika. Ochepa chabe akalowa mu silinda amapinda conrod, chitsulo chogwira pistoni. Tsikani muone kuya kwake, dikirani injini izizireko, lowani ndi giya yoyamba pa liwiro limodzi, osasintha giya pakati.

Ikazima muli m'madzi, musayese kuliza. Apa ndi pamene injini zambiri zimafera, osati polowa m'madzi pamene. Ikokedwe ifike pouma. Tsegulani fyuluta ya mpweya, ikakhala yonyowa ndiye kuti madzi alowa. Makaniko achotse ma heater plug kapena ma injector, apukuse injini ndi sipanala kaye, kenako ndi sitata kuti madzi atuluke. Asinthe oyilo ndi mafyuluta, akhuthule madzi a m'fyuluta ya dizilo, aonenso oyilo wa giyabokosi ndi dif. Amene wasanduka wotuwa asinthidwe.

Gawo lomaliza: kayendetsedwe ka tsiku ndi tsiku

M'mawa dikirani kagetsi ka heater kazime musanalize, ngakhale kuno kuli kotentha. Ikalira ipatseni mphindi imodzi oyilo azungulire, muyambe ulendo mofatsa. Kuisiya ikulira pamalo amodzi kwa ola lathunthu kumangodzaza mwaye. Pachitunda musaikakamize ndi giya yaikulu mpaka izinjenjemera, bwezani giya msanga kuti fani ndi pampu ya madzi zizungulire mokwanira. Mukafika pamwamba kapena mwathamanga ulendo wautali, galimoto ya turbo ilire payokha mphindi imodzi kapena ziwiri musanazimitse.

Potsika zitunda kuchokera ku Blantyre, gwiritsani giya yomwe mukanakwerera. Chonde madalaivala anzanga, musaike pa fili kapena kuzimitsa injini kuti mupulumutse mafuta. Mphamvu ya mabuleki pa galimoto ya dizilo imachokera ku vacuum pump yoyendetsedwa ndi injini, imene pa injini zambiri zachikale ili kumbuyo kwa alternator. Injini ikazima, buleki imauma mutangoponda kangapo ndipo chiwongolero chimalemera. Pa chifukwa chomwechi, lamba wa alternator akaduka pa injini zotere imani msanga.

Phunzirani kuwerenga utsi. Wakuda ndi mafuta ochuluka kapena mpweya wochepa, ndiye yambani ndi fyuluta ya mpweya ndi mapaipi a turbo musanakhudze pampu. Wabuluu ndi oyilo akupsa. Woyera wonunkha dizilo m'mawa wokha ndi ma heater plug kapena injini yofooka, koma woyera wosatha, madzi a m'rediyeta akuchepa, ndi gasiketi kapena hedi.

Kutentha kumaumitsa madzi a m'batire, ndiye onani mlingo wake mwezi uliwonse ngati ndi lotsegula, ndipo tsukani mitu yake. Pa Canter ndi malole ena a mavoti 24, sinthani mabatire onse awiri pamodzi.

Ntchito ikakula, monga kutsegula hedi, funsani makaniko ngati ali ndi torque wrench, sipanala yoyeza mphamvu yomangira, chifukwa mabawuti a hedi amamangidwa ndi mlingo wake komanso ndondomeko yake. Hedi yochotsedwa ipite ku Blantyre kapena ku Limbe ikapimidwe ngati yang'aluka kapena yapindika musanagule gasiketi yatsopano, ndipo chimene chinawiritsa injiniyo chipezeke isanamangidwe. Pampu ndi ma injector zikayesedwe pa makina ake, osati kusinthidwa mongoganizira, ndipo zipangizo zakale zimene zachotsedwa akubwezereni. M'galimoto muzikhala malita 5 a madzi osakaniza kale ndi coolant, lita imodzi ya oyilo, lamba wa fani, fyuluta ya dizilo, makilampu awiri a mapaipi, masipanala a 10, 12, 14 ndi 17, tochi ndi chingwe chokokera.